Mfumukazi ya pa Zenera la M'mwamba

Kwathu ku Peterburg, zaka zija alakatuli anagwidwa ndi nthenda yoti chilichonse chooneka ndi maso ndi chizindikiro chabe cha dziko lina losaoneka, msewu wathu nawo unali ndi wodwala wakewake, Ippolit Savelich, amene nyengo yonse yachisanu ankaima m'chipale chofewa dzuwa likamalowa, chipewa m'manja, maso ali pa zenera la m'mwamba la a Foma Yegorich, dokotala wa akavalo. A Foma anali ndi mwana mmodzi yekha, Glasha, amene wogulitsa mankhwala wa pakona anamufunsira mbeta, ndipo ankafuna yankho lake mawa lomwelo, poti Lenti ikayamba wansembe samanganso ukwati mpaka Pasaka. Tsono mkuluyo anatuluka, n'kumugwira mlakatuliyo pamkono, n'kukwera naye kuchipinda cha m'mwambacho ngati mwana wa kavalo wokana khola.

"Khalani apo pafupi ndi mbaula," anatero a Foma, akuthira tiyi m'tambula. "Imwani. Mphuno yanuyo yasanduka ya buluu."

"Buluu, a Foma Yegorich, ndi mtundu wa muyaya."

"Kwa akavalo ndi mtundu wa mawa tikukumba dzenje. Imwani."

Ippolit anamwa, mano akugundana ndi tambulayo. A Foma anakhala moyang'anana naye, dzanja lili patsaya, poti chiyambire chisanu ankadandaula za dzino.

"Funso langa ndi limodzi, a Ippolit Savelich. Mwana wanga mukumufuna?"

"Kufuna! Mawu apamsika amenewo. Munthu amafuna nsapato."

"Ndiye simukumufuna."

"Sindinatero!"

"Ndiye mukumufuna."

"Sindinateronso!"

"Koma abale inu! Kavalo ndikamufunsa ngati mwendo ukuwawa, amandimenya theche, ine n'kudziwa. Inu mukulephera zimene kavalo amatha?"

Ippolit anakweza tambula m'mwamba ngati wansembe. "Ichi mukuchiona ngati chiyani?"

"Tambula."

"Ayi! Ndi mthunzi. Kuseri kwake kuli china chimene pakamwa sipangatchule."

A Foma anasuzumira kuseri kwa tambulayo. "Kuli jamu. Tengani, ngwa matcheri."

"Simukundimva!"

"Ndikumvani bwino. Tsono nanu mundimve. Wa mankhwala uja akubwera mawa atavala kolala yatsopano. Mwana wanga sakumufuna, akuti amanunkha mafuta a nsatsi. Dzulo wandiuza akulira kuti mtima wake uli pa munthu woima m'chipale uja. Ine ndati, munthu woima sakwatira, amakwatira ndi woyenda. Mukapanda kuyankhula lero, mawa ndivomera wa nsatsi."

Tambula inakhala pansi. Mlakatuliyo anatuwa kuposa mmene analowera.

"Anatero? Glafira Fominishna anatero?"

"Glasha, eee. Ndili ndi mwana wina ngati?"

"Kalanga ine!" Ippolit anagwira mutu ndi manja onse. "Mundimvetse, bambo. Glasha wa masana ndimamukonda. Uja anandiseka nditaterereka pakhomo la wophika buledi, kenako n'kunditikita khutu ndi chipale kuti lisafe. Uja amadya nkhaka zamchere pamsewu osaopa munthu. Ameneyo ndikanamukwatira dzulo."

"Chabwino! Wansembe ndi mnzanga, ndinachiza kavalo wake."

"Koma pali wa madzulo."

"Wa chiyani?"

"Dzuwa likamalowa amakwera kuno, n'kukhala pa zenera ilo. Pamenepo si mwana wanunso. Ndi Mfumukazi ya Madzulo. Mwa iye nzeru za kumwamba zimasuzumira dziko lathu lakudali. Munthu angakwatire kachisi? Mungauze kulowa kwa dzuwa kuti, 'Mayi, mchere wachepa mu msuzimu'?"

"Glasha saperewera mchere. Amachita kuchulutsa."

"Kugulu lathu la alakatuli lokumana Lachinayi tinalumbira. Wokwatira chizindikiro chake wachipha. Chizindikiro timachipembedzera patali."

"Patali pake ndi tsidya la msewu?"

"Pamenepo m'poyenera."

"Ndiye adzukulu anga adzabadwira tsidya la msewu?"

Ippolit anangotseka maso, ngati wamva fungo loipa. Ine ndinakhala nawo anthu amenewa, ndipo ndikuuzeni, palibe chinkawapweteka ngati mawu oti adzukulu.

A Foma anayatsa kaliwo wawo, n'kuganiza pang'ono. "Taimani kaye. Dzuwa likamalowa Glasha amakhala kukhitchini, akukanda ufa wa mikate ya kabichi."

"Thupi lake, mwina."

"Thupi lakelo ndi limene ndikufuna kukwatitsa."

"Ine ndimamuona ndi maso angawa! Galasi limakhala litagwira chisanu, nyale ili kumbuyo kwake, koma ndimamuona. Amafunda chovala chapepo, mtundu wa malire a dziko lino ndi linalo."

"Chapepo," anatero a Foma. "M'nyumba muno chapepo ndi shawelo imodzi basi. Glasha saivala, amati ndi ya nkhalamba."

"Masana amatero. Madzulo amaifunda, n'kuika dzanja patsaya. Chisoni chonse cha dziko lapansi chili m'dzanja limenelo. Ndinalemba ndakatulo. Tamverani."

"Ayi, zikomo, ine..."

Koma mlakatuli akaimirira, waimirira. Anaponya tsitsi kumbuyo, n'kuyamba ndi mawu apamphuno aja ankakonda ku Lachinayi kwawoko.

"Wakhala wekha pa khomo la moto,
dzanja patsaya, ukudikira amene sabwera.
Utsi wa lubani ukukwera pamutu pako,
ndipo mzinda wonse sukudziwa kuti ukulira."

"Lubani?" anafunsa a Foma. "Muno lubani timayatsa pa Pasaka pokha."

"Kautsi kabuluu, kowonda, kamakwera pamutu pake madzulo aliwonse."

A Foma anayang'ana kaliwo wawo. Anayang'ananso mlakatuli uja. "Pitirizani."

"Nthawi zina amaweramitsa mutu pang'onopang'ono, kuvomera tsoka la mitundu yonse ya anthu. Kenako amadzidzimuka, n'kuudzutsa."

"Kusinza kumeneko."

"Masomphenya! Ndipo tsiku lina anandidalitsa. Anakweza dzanja, n'kuligwedeza chonchi, chonchi."

"Chonchi?" A Foma anapanga mmene timapirikitsira nkhuku pa mphasa ya mapira.

"Eee! Inunso munaona?"

"Kumeneko n'kunena kuti, 'Dzipitani kwanu, mufa ndi chibayo.'"

"Kwa osaona. Kwa ine kunali kuitana."

"Munthu akakuthamangitsani ndiye wakuitanani?"

"M'dziko lenilenilo, inde."

"Ogo! Ndiye kwanuko alendo sachoka."

Ippolit sanaseke. Maso ake anali atapita kale tsidya lina. "Koma choposa zonse ndi tsitsi. Loyera ngati siliva, likutsikira kutsogolo, pansi pa chibwano, mpaka pachifuwa, ngati mtsinje wa mwezi."

"Tsitsi la Glasha ndi lakuda bii."

"Masana."

"Ndipo limamera kumutu, osati pansi pa chib..."

Apa a Foma anaima. Dzanja lawo linali likusisita ndevu, monga mwa chizolowezi, ndipo linangoumira pomwepo. Anayang'ana ndevuzo, zoyera mbuu, zofika pachifuwa. Anayang'ana kaliwo. Anayang'ana mpando wa pa zenera, pamene panali shawelo yapepo yopindidwa bwinobwino.

"A Ippolit Savelich, maso anu amaona patali?"

"Maso a mzimu amaona mpaka..."

"Ndikunena awiri ali pankhopewo."

"Magalasi ndinasiya kuvala. Amaonetsa zinthu mopitirira muyeso, chinsinsi chonse n'kuthawa."

"Chabwino. Taimani pakhomo apo. Musatembenuke mpaka ndikuuzeni."

Mkuluyo anasendeza nyale, anafunda shawelo mpaka kumutu, n'kukhala pa mpando uja chammbali. Anapuma utsi kamodzi, n'kuika dzanja patsaya.

"Tembenukani."

Ippolit anatembenuka. Pakamwa panatseguka.

"Mwandizindikira?" inafunsa Mfumukazi ya Madzulo, ndi mawu okhuthala a munthu wozolowera kukalipira akavalo.

"Ayi. Ayi! Mukungonditonza. Iye ndi wowonda."

"Galasi la chisanu limachepetsa munthu."

"Iye ndi... iye ali ndi..."

A Foma anaweramitsa mutu pang'onopang'ono, kenako n'kuudzutsa modzidzimuka.

"Mayo ine!" Mlakatuli anakhala pansi penipeni, pa thabwa. "Nyengo yonse yachisanu! Chala changa chakuphazi chinatsala pang'ono kuduka!"

"Ndichione tikatha. Ndadulapo zambiri."

"Ndinaiwerenga ku Lachinayi ndakatulo imene ija! Anthu analira. Mayi wina anakomoka, anachita kumupepesera ndi chipewa. Wina anati Mfumukazi yanga ndi mzimu wa Rasha yense!"

"Rasha yense? Ine?" A Foma anakonza shawelo paphewa. "Ha! Koma ndiye anandikweza."

"Analirira dzino lanu!"

"Pepani. Ndikanadziwa ndikanameta."

Ippolit anabisa nkhope m'mawondo. Ankamvetsa chisoni mwana uja, poti kupusa kwake kunali kochokera pansi pa mtima, ndipo kupusa kotere n'kovuta kukuseka nthawi yaitali. A Foma anamusiya kaye afwenthe, kenako anamugogoda paphewa ndi kaliwo.

"Tsono tiyeni tiwongole nkhani. Lamulo lanu la Lachinayi likuti chiyani?"

"Chizindikiro sachikwatira," anayankha ali chiweramire.

"Bwino kwambiri. Ine ndakupemphani kuti mundikwatire?"

"Ayi."

"Ndipo sindingalole. Tsono chizindikiro ndi ine. Mundipembedze patali mmene mungafunire. Nanga Glasha ndi ndani?"

Mutu unadzuka pang'ono. "Ndi... Glasha."

"Basi?"

"Wa nkhaka zamchere uja." Anaganiza kaye, mantha akubwereranso. "Koma mukutsimikiza kuti sali chizindikiro cha china chake?"

"Ndamulera ndekha chimwalirire amayi ake. Akakhala chete ndi chizindikiro choti waswa mbale. Kupatula apo palibe."

Kuseri kwa chitseko kunamveka supuni ikugwa, kenako phazi likuthawa pa masitepe. Onse awiri anachita ngati sanamve.

"Fodya wako ndi amene ali pamphuno, mwana wanga," anatero a Foma. "Wa pachala ngwa mphepo. Ndikufunsaninso, ndipo mundiyankhe ngati kavalo. Mukumufuna?"

Ippolit anadzuka, anasasa fumbi pa buluku, anamanga batani la jekete, n'kuwerama. "A Foma Yegorich, ndikupempha mwana wanu. Ndikumufuna. Ndikumufuna ngati nsapato, ngati buledi, ngati..."

"Zakwana. Tsegulani pakamwa."

"Bwanji?"

"Sindilandira chamoyo pakhomo pano ndisanaone mano." Anamugwira chibwano, anasuzumira, n'kugwedeza mutu. "Mukhalitsa. Mutengeni. Wa nsatsi uja ndimupatsa tiyi ndi pepani."

Chimwemwe chinamuzunguza mutu mlakatuliyo. Anayamba kuzungulira m'chipindamo, manja akuuluka.

"Zatha! Kuyambira lero tambula ndi tambula, zenera ndi zenera. Magalasi ndivala mawa lomwe. Ku Lachinayi sindipondakonso. Ndakatulo zonse za Mfumukazi ndiponya m'mbaula!"

"Muponye kuti?"

"M'mbaula! Zonse ndi bodza."

A Foma anali asanavule shawelo. Anaisisita m'mphepete ndi chala chachikulu. "Ija mwanena ija. Ya dzanja patsaya. Tainenaninso."

"Musandichititse manyazi, bambo."

"Mzere wachiwiri wokha."

Ippolit anautchula mothamanga, ngati mwana wokakamizidwa kupepesa. "Dzanja patsaya, ukudikira amene sabwera. Mwaona? Zopusa. Kunalibe chisoni cha dziko, kunalibe kudikira. Linali dzino chabe."

"Dzino?" Mkuluyo anatsegula pakamwa, n'kukoka tsaya ndi chala. "Tasuzumirani inunso. Mbali ino muli dzino ngakhale limodzi?"

Ippolit anasuzumira. Munalibe.

"Dzino ndi limene ndimauza Glasha kuti asadandaule. Shawelo iyi ndi ya amayi ake. Mpando uwu ndi umene ankakhalapo madzulo, kundiyang'anira ndikamachokera kumakola. Tsopano ndimakhalapo ine. Mzinda wonsewu, ndi magalasi awo, palibe anaona kanthu. Munaona ndinu, wakhungu."

Mlakatuli anayang'anitsitsa shawelo ija. A Foma anamina mphuno mwamphamvu, anakonzanso shawelo, n'kuloza kunja ndi kaliwo.

"Tsono musawotche kanthu, mkamwini. Tambula si tambula chabe. Mawa dzuwa likamalowa mukaime pamalo panu paja, musachedwe. Chipewa chokha muzivala."