Manja a Bwana Sankhulani

Zaka zija nkhondo ya kwa anzathu ku Mozambiki itafika povuta, anthu akuwoloka malire ndi mitolo pamutu, mbuzi pachingwe, ine ndinali sajeni wa polisi pa Mwanza pompano, ndipo manja mukuwaona akunjenjemerawa anali olimba gwa. Iwe Tadala, taika wailesiyo pansi. Sindikukana, wandilanda ndipo mabatire walowetsa msanga kuposa ine, yayamba kulira, zikomo. Koma itseke kaye ukhale apa. Nawenso Yamikani sendera kuno, uzindisendera manachesiwo uku ukumva. Lero thupi langa latopa, ndiye ndilankhula pang'onopang'ono, musandithamangitse.

Mkulu wathu pasiteshoni anali a Sankhulani, a insipekitala, kwawo ku Ntcheu. Analowa upolisi azungu asanachoke, ndipo ambiri a ife anatiphunzitsa ntchito ndi iwowo, kutitukwana ndi iwowo, kutiikira kumbuyo tikalakwa ndi iwowonso. M'chiuno mwawo munkakhala pisito yaikulu yakalekale, osati timfuti mumaonera pafoniti ayi, koma chimfuti cholemera, chipolopolo chake chonenepa ngati chala changa chachikuluchi. Ukaimangirira tsiku lonse, madzulo unkabwerera kunyumba utapendekeka.

Fumbi la Mwanza mukulidziwa, ndipo nthawi imeneyo magalimoto akuluakulu opita ku Tete ankalitibula usana wonse. Mfuti imadana ndi fumbi. Choncho Loweruka lililonse masana a Sankhulani ankayala kansalu koyera patebulo la mu ofesi, n'kuchotsa magazini ya zipolopolo, n'kusuzumira m'mimba mwa mfuti kuona ngati simunatsale chipolopolo, kenako n'kusuzumiranso kachiwiri. Ankati woyang'ana kamodzi ndi amene amapha mnzake. Akatero ankaimasula, chitsulo chapamwamba chosendera chija, mpope, sipuling'i, kapini, chilichonse pamalo pake kuyambira kumanzere. Mpope ankaupukuta ndi kasanza kokoleka kuwaya mpaka ukaulozetsa kudzuwa uziwala m'kati, ndipo mafuta ankangodontheza, osati kukhuthula ngati ukukazinga mandasi, poti mafuta ochuluka amaitananso fumbi lomwelo. Kumasula sikunali kovuta, ngakhale iwe Yamikani ukanatha, si umamasula chilichonse pakhomo pano? Ntchito inali pobweza, makamaka sipuling'i ija. Inali yolimba, inkafuna chala china chiikanikize pamene dzanja linalo likulowetsa, ndipo ukangoiphonya inkathawa n'kukagwera kutali.

Ine ndinayamba kuonera pa tiyi. Kapu yawo inayamba kulira pa sosala akamainyamula. Kenako Loweruka lina ndikulowa mu ofesi ndinawapeza atagwada, munthu wamkulu, mutu uli kunsi kwa kabati, akufunafuna sipuling'i. Ndinabwerera chambuyo mwakachetechete n'kukaima panja, mtima ukundiwawa.

Inu a masiku ano mukanangolowa n'kunena kuti bweretsani kuno ndikuchitireni. Kale sizinkatero. Wamng'ono sankauza wamkulu kuti mwalephera, ndipo mfuti ya bwana wako sunkaigwira asanakupatse, monga momwe sungakakhalire pampando wa apongozi ako. Komanso inali nthawi ya chipani chimodzi, munthu unkayamba wacheuka usanalankhule, khadi la chipani lili m'thumba ngakhale ukupita kukagula mchere. Mawu ankayenda okha kukafika ku Blantyre, ndipo oufuna mpando wa a Sankhulani analipo. Ndiye ndinangotseka pakamwa.

Sipanapite nthawi, tinamva kuti kukubwera bwana wamkulu kudzayendera siteshoni, ndipo mbiri yake inali itatsogola kale. Ankakonda kuika tebulo panja pa perete, n'kuloza aliyense amene wamufuna, wamkulu kaya wamng'ono, kuti amasule mfuti yake ndi kuibwezanso anthu onse akuona. Wolephera ankamuvula lamba pomwepo. Taganizani, munthu amene wagwira ntchito moyo wake wonse, avulidwe lamba pamaso pa anyamata amene anawaphunzitsa yekha kupukuta nsapato, achoke m'nyumba ya boma ngati wakuba. Chakudya chinasiya kundikomera.

Malemu agogo anu aakazi, amene nthawi imeneyo anali mayi wachitsikana wa pakamwa pakuthwa, anandipanikiza mpaka ndinawauza. Anandiyang'ana n'kuseka.

“Abambo a Joyce, usajeni wonsewu nzeru mulibe? Amayi anga maso atayamba kuchita mdima, ine sindinawalande singano. Ndinkapita n'kunena kuti amayi, msoko uwu wandikanika, tandionetsani. Inu pitani mukawapemphe akuphunzitseni.”

Ndinati, “Ine pisito imeneyo ndimaibweza nditatsinzina.”

“Ndiye mukaiwale. Tsiku lobadwa mwana wanu mumaiwala, mfuti ingakuvuteni?”

M'mawa mwake ndinagogoda, ndinamenya sailuti, ndinati, “Bwana, ndabwera ndi manyazi. Pisito yaikuluyi ndinaiphunzira kalekale ku Zomba, kabwezedwe kake kandithawa. Akubwerawa akandiloza ine, ndikuchititsani manyazi.”

Anandiyang'ana nthawi yaitali.

“Sajeni wathunthu kuiwala mfuti? Kunyumba kwanu akukudyetsani chiyani? Tsekani chitsekocho.”

Kuyambira tsiku limenelo, tikaweruka tinkatsalira awiri. Ana inu, kudzipusitsa n'kotopetsa kuposa kulima. Manja anga ankaidziwa njira, ndiye ndinkachita kuwakakamiza kuti asochere. Ndinkalowetsa mpope chozondoka, ndinkaitaya dala sipuling'i n'kuyamba kukwawa pansi kuifunafuna, iwo akundikalipira kuti mawu ankamveka mpaka kukauntala. Kenako ankati, “Bweretsani kuno, onani bwino,” n'kuchita okha. Manja ankavina, sipuling'i inkawapulumuka, ine n'kuyang'ana kuwindo ngati ndaona kanthu panja. Ankayambiranso. Ine ndinkati, “Bwana, pamenepo sindinaone bwino, tabwerezani,” iwo n'kubwereza.

Tsiku lina ndinatsamiritsa zigongono zanga patebulo, mfuti ndinaigunditsa pachifuwa, ndinati, “Bwana, ine manja anga ndi ofooka, kodi ndikamachita chonchi ndi mlandu?” Anati ndi ulesi umenewo, wapolisi satsamira ngati ali pamowa. Koma mawa lake ndinaona zigongono zawo zili patebulo, ndipo sipuling'i inalowa osavuta.

Anyamata a pasiteshoni ankamva kukalipa kuja, ndipo anandipatsa dzina, Sajeni Sipuling'i. Ndikamadutsa kulayini ya nyumba za apolisi, ngakhale akazi awo ankasekera m'zitenje. Musaganize kuti sizinkandipweteka. Zinkandipweteka kwambiri, poti ine ndinali munthu wonyadira ntchito yanga, ndipo masiku ena ndinkafika kunyumba n'kuwauza agogo anu kuti nzeru zawo zandivula ulemu. Iwo ankangoti, “Dzina silitupitsa mutu, idyani mugone.”

Tsiku lija linafika, dzuwa lili phwee kuyambira m'mawa. Tebulo analiika pansi pa mtengo wa mango, ife tili ndandanda, mayunifomu owuma ndi sitachi. Mlendoyo anali wamng'ono kwa a Sankhulani, mwina msinkhu wa mwana wawo woyamba, kandodo kali m'khwapa. Anayenda uku, anayenda uko, ndipo ine ndinkapemphera kuti aloze ine. Kandodo kanakaima pa lamba wa a Sankhulani.

A Sankhulani anapita patebulo, anayala kansalu kawo, anachotsa magazini, anasuzumira, anasuzumiranso. Kumasula kunayenda bwino. Pobweza anawerama n'kutsamiritsa zigongono, ndipo ine pamene ndinaima ndinkaona chala chawo chikunjenjemera pamwamba pa sipuling'i. Inatsetsereka pang'ono, mutu wake unatulukira kumbali. Anaikanikiza ndi chala chonse mpaka chikhadabo chinayera, anakankha, ndipo tinamva kuti khwatya, yalowa. Mlendo anaitenga mfuti ija, anaikoka, anaiyang'ana kudzuwa, anagwedeza mutu n'kuwabwezera. Basi, anakwera galimoto yake ulendo wa kumalire.

Masana ndinalowa mu ofesi mtima uli mbee, ndikuti lero mwina andigulira kokakola. Ndinapeza pisito ili pakansalu, lamba ali pambali pake atamupinda bwinobwino.

“A Sajeni, tengani izi mukatsekere kosungira mfuti.”

“Bwana, mwakhozatu. Onse aona.”

“Ndakhoza patebulo. Pamsewu wa kumalire a Zobue pali tebulo?” Anatambasula dzanja lawo pakati pathu, likunjenjemera, osalibisanso. “Tsiku lina ndidzaisolola pakati pa azimayi obereka ana, dzanja likuchita chonchi. Ayi. Ndikapempha ndekha kupuma. Ndimangofuna ndichoke ndi miyendo yanga, osati chokankhidwa.”

Ndinanyamula mfuti ija ndi manja awiri, ndipo ndili pakhomo anandiitananso.

“Komanso musiye kudzipusitsa, mwatopa nazo. Munthu woiwala mfuti sasuzumira kawiri asanauzidwe. Ndinadziwa tsiku loyamba lomwe lija.” Anayang'ana pansi. “Zikomo, a Sajeni. Mukawathokozenso mayi kunyumba, nzeru zimenezi si zanu.”

Anachoka anthu atakolola, pa lole ya boma, katundu ndi nkhuku zili pamwamba, ndipo tinawaimira perete mpaka lole inakhota. Anatsanzika aliyense pamanja, mutu uli m'mwamba. Sindinawaonenso. Za maliro awo ndinamva mochedwa, atawaika kale. Dzina lija lokha ndi limene linatsala, mpaka lero mukapita pa boma mukapeza nkhalamba ina yondiitana kuti Sipuling'i, ndipo ndimavomera.

Tsopano manja aja afika kwa ine. Batani la malaya limanditengera m'mawa wonse, kapu yanganso yayamba kulira pa sosala. Inu muli ndi changu, ndipo changu chanucho n'chachikondi, ndikudziwa. Koma mukamatilanda chilichonse m'manja, ife timatsala tilibe chogwira, ndipo tsiku limatalika. Tsiku loti ndisiye ndidzanena ndekha, monga ananenera a Sankhulani, musandisankhire.

Ndiye iwe Tadala, chotsa mabatirewo, ubwere nayo kuno wailesiyo, undikokerenso katebulo ako ndiikepo zigongono. Undifunse kuti agogo, kodi amenewa amalowa bwanji? Ndidziwa kuti ukunama, usadandaule. Koma ndikuonetsa.