Mkwatibwi Anakana Kutsika M'galimoto

Abale ndi alongo, amene mukundiona koyamba musachite manyazi kundiyang'ana. Yang'anani ndithu. Ndine Naphiri, ndimakhala konkuno ku Sinda, kuseri kwa chigayo.

Ine kale ndinali chiphadzuwa. Musaseke amayi inu, ndikunena zoona. Ndinkagulitsa zitumbuwa pamsewu waukulu, ndipo basi ya ku Chipata ikaima, makondakitala ankadumpha anzanga onse kuthamangira pabeseni langa. Sikuti zanga zinkakoma kuposa za ena, ayi. Inali nkhope basi, ndipo ndinkadziwa. Kutchalitchi ndinkabwera, inde, koma kudzaonetsa duku latsopano.

Tsiku lina m'mawa nditawerama kusonkhezera moto, ng'ombe zokoka ngolo zinadzidzimuka ndi hutala ya lole. Ngolo inagunda mbaula, chiwaya cha mafuta owira n'kundikhuthukira. Tsaya ili, khutu ili, mpaka m'khosi.

Ndinakhalitsa m'chipatala ku Katete. Bambo a kunyumba anabwera masiku oyamba, kenaka akuti akukasaka ganyu kumalire. Ndinangomva kwa anthu kuti anakwatira ku Vubwi.

Nditatuluka ndinatenga chitenje, ndinafunda kumutu, ndinasiya maso okha. Pamsewu ndinaleka. Kutchalitchi ndinaleka. Kumunda ndinkadzera njira za kuseri. Ndinadzola mafuta onse amene anthu ankandiuza, a m'sitolo ndi a mitengo omwe, koma palibe chinasintha. Pemphero langa linali limodzi lokha: Ambuye, ndibwezereni nkhope yanga. Kumwamba kunali zii. Ndinkadziona ngati munthu womwalira amene aiwala kumuika.

Amene sanandinyansidwe ndi mwana wanga wamkazi mmodzi yekhayo, Daliso. Ndiye ankanditsuka mabala ali wamng'ono. Anakula, mphunzitsi wina wa ku Katete n'kumufunsira. Mnyamatayo ankandidziwa, koma makolo ake anali asanandione. Ankhoswe akabwera, ine ndinkakhala kuti ndapita kumunda.

Ukwati utayandikira, alongo anga a Lakisoni, eni mbumba, anabwera kunyumba. Anakhala nthawi yaitali akukanda pansi ndi kamtengo.

"Mlongo, musandimve molakwa," anatero. "Anthu aja ndi a m'tauni, abwera ndi makamera. Bwanji Esinati akhale pampando wa mayi?"

Esinati ndi mng'ono wanga, wa khungu losalala. Kwathu kuno mng'ono wa mayi ndi mayi yemwe, ndiye palibe akanati tanama. Ndinayankha kuti, "Mwaganiza bwino, alongo." Ndinawathokoza, abale! Munthu akundichotsa paukwati wa mwana wanga, ine n'kumaomba m'manja. Daliso atamva analira, ine ndinamukalipira. Ndinati, "Ukufuna apongozi ako alephere kumeza chakudya?"

Tsiku la ukwati kutchalitchi sindinapite. Ndinali kuseri kwa mpanda wa udzu, ndikutsuka mbale ndi amayi ophika. Masana tinamva mahutala ndi nthungululu. Ndinapatula udzu pang'ono kuti ndisuzumire.

Mukudziwa mmene timachitira. Akwati akafika pakhomo, amayi amayala zitenje pansi kuti apondepo, ndipo choyamba, cha pachitseko cha galimoto, amayala ndi mayi wa mkwatibwi. Esinati anayala chake chatsopano. Mkwati anatsika. Daliso anangokhala m'galimoto, mutu uli pansi.

Anthu anaseka. Akuti mkwatibwi akufuna kufupidwa, monga amachitira onse. Achibale a kuchimuna anayamba kuponya ndalama. Sanasunthe. Anaonjezera, nyimbo inasintha, sanasunthe. Oimba mawu anayamba kusasa. Ndinamva mayi wina wa ku Katete akuti, "Kodi mtsikanayu ndi wadyera chonchi?" Alongo anga thukuta lili kamukamu, akunong'ona pawindo. Koma alangizi anali atamuuza Daliso kuti mkwatibwi sayankhula pagulu, ndiye sanayankhule.

Anangotukula maso kamodzi, n'kuyang'ana kumpanda kuja.

Mayo ine! Pagulu lonse lija ndine ndekha ndinadziwa. Mwana sankafuna ndalama. Ndinadziwanso kuti mwana ameneyu ndi wamakani ngati ine, akhala mmenemo mpaka dzuwa kulowa, ndipo adzalowa m'banja ndi mbiri ya dyera chifukwa cha mayi wake.

Ndinati, "Ambuye, sindingathe." Sindinamve mawu ochokera kumwamba, ndisakunamizeni. Ndinapempheranso, koma ulendo uno sindinapemphe nkhope. Ndinati, "Mundigwire miyendo basi."

Ndinatuluka manja ali ndi thovu la sopo. Nditafika pagalimoto ndi pamene ndinazindikira kuti ndilibe choyala. Chitenje cha m'chiuno sindikanavula. Chinatsala ndi chimene ndinafunda kumaso, chakale, chonunkha utsi.

Ndinachivula.

Nyimbo inaduka. Kamwana kena kanalira n'kuthawira kwa amake. Wina anati, "Ii!" Ndinafuna nthaka ing'ambike indimeze. Koma Esinati anawerama, anachotsa chitenje chake, n'kundipatsa malo. Ndinagwada, ndinayala changa.

Daliso anatsika. Anaponda, kenaka anaphwanya malamulo onse a alangizi. Anandikumbatira, tsaya lake pa tsaya lopsali, akulira mokweza kuti, "Amama, amama!" Ufa wonse umene anamupaka kumaso unathera pa ine. Amene anayamba nthungululu anali mayi a mkwati. Anandigwira dzanja n'kunena kuti, "Asewere, munali kuti nthawi yonseyi?"

Abale, sindinachire. Mukundiona nokha. Bambo aja sanabwerere. Alipo ana amene amandithawabe, ndipo masiku ena ndikadzuka mtima umalemera moti kutuluka panja ndimachita kudzikoka. Koma pamsewu ndinabwerera. Ena amagula akuyang'ana kumbali, ine ndimawapatsa moni mokweza mpaka ayankhe. Ndinkayesa kuti Mulungu anandiiwala chifukwa sanandipatse chimene ndinkapempha. Iye anandipatsa mphamvu yoyenda kuchokera kumpanda kukafika pagalimoto, ndipo tsiku lililonse amandipatsanso ya tsiku limenelo. Dzina lake litamandike!

Amayi anzanga, ndikudziwa muli muno. Ena chimene mumabisa sichili pankhope. Chili pansi pa bulauzi pamene anakuchitani opaleshoni, chili m'kamwa mmene mano anaguluka, chili m'mawu amene mwamuna anakuuzani akuchoka. Yesu anachiona kale, ndipo sanatembenuze nkhope. Bwerani kuno kutsogolo tipemphere limodzi. Ngati miyendo ikukana, kwezani dzanja pang'ono chabe, ine ndibwera kudzakutengani.