Mabuku Akuswana M'chipinda Mwanga

Mkamwini wanga anandilanda chipinda chaka chatha, mvula itangoyamba, ine ndili m'chipatala ndi mwendo. Nditatuluka ndinapeza matiresi anga ali m'kanjira kopita kubafa, ndipo m'chipinda mwanga, m'nyumba imene ndinamanga ndi manja angawa, mutadzaza makatoni a mabuku onena za kuchulukana kwa anthu, poti iye amagwira ntchito yogawa mabukuwo ku bungwe lina la m'tauni. Loweruka lapitali ndinamudikirira pakhomo, ndipo anatulukira akukankha njinga, katoni ina ili pakaliyala.

"Imani pomwepo, akamwini," ndinatero nditapingasa ndodo pakhomo. "Chimenecho n'chiyani?"

"Katoni, bambo."

"Maso ndili nawo. Muli chiyani?"

"Mabuku."

"Enanso?"

"Ayi, omwe aja. Kungoti awa abwera lero."

"Munauza mwana wanga kuti akhala masiku ochepa."

"Ndinati akhala mpaka nditawagawa."

"Nanga bwanji simukugawa?"

"Sindinapeze owapatsa."

"Asa! Pamsika sitikupeza poponda, m'basi tikukhalirana pamiyendo, kuchipatala ndinkagona bedi limodzi ndi munthu wachifuwa. Inu nokha dziko lonse lino ndiye mukusowa anthu?"

"Anthu alipo, bambo. Oyenera ndiwo kulibe." Anaimika njinga bwinobwino n'kuvula chipewa, monga amachitira akamatchula za kuntchito. "Lamulo la ku ofesi likuti mabuku a dera lino agawidwe mofanana kwa makolo amene ana awo sapitirira awiri. Kuti awerenge asanachedwe."

"Ndiye?"

"Ndayenda khomo ndi khomo. Onse anachedwa."

"Telala wa pakona uja ali ndi awiri."

"Anali ndi awiri. Ndinamupeza, ndinakanena ku ofesi, ku ofesi anati tidikire abwana avomereze. Pamene abwana amavomereza n'kuti akazi a telalayo atabereka mapasa."

"Nanga mphunzitsi wangokwatira kumeneyu?"

"Alibe mwana. Si kholo."

"Mudikireni."

"Ndimamudikira, bambo. M'mawa uliwonse ndinkadutsa kuseri kwa nyumba yawo kukasuzumira pachingwe ngati payanikidwa matewera. Dzana anandithamangitsa ndi khasu. Akuti ndikufuna akazi ake."

"Akanakupezani nalo khasulo."

"Ayi, njingayi imathamanga."

Munthu ameneyu ndinamukayikira kuyambira tsiku limene anabwera kudzafunsira mwana wanga atavala tayi dzuwa likuswa mtengo, koma palibe anandimvera.

"Chabwino. Akale sanathe. Atsopanowa abwera kudzatani?"

"Ku ofesi amatumiza molingana ndi chiwerengero cha anthu. Anthu akawonjezeka, mabuku amawonjezeka."

"Ndiye mwana akabadwa m'dera lino..."

"Buku limabwera."

"M'chipinda mwanga."

"Ndi mouma, bambo. Munamanga bwino zedi. Abwana atabwera kudzaona anayamikira denga. Anafunsa kuti mmisiri wake ndani."

"Munawauza?"

"Ndinawalozera. Munali mutagona m'kanjira."

"Iii! Ndiye mabukuwa akuswana."

"Mabuku saswana, bambo. Alibe ziwalo zake."

"Ndinasiya chipinda chili ndi zenera. Lero zenera lili kuti?"

"Lilipo. Lili kuseri kwa makatoni."

"Inuyo bukuli munaliwerengapo?"

Anadzidzimuka ngati ndamunamizira kuba. "Ine? Sindiloledwa. Ndili ndi ana asanu ndi awiri."

"Ndikuwadziwa. Amandidutsa m'mawa uliwonse popita kubafa. Aang'ono amandilumpha. Wamkulu uja sadzivuta n'komwe, amangoponda. Ndipo amawo ndikuona ayambanso kudana ndi fungo la anyezi."

"Eya, bambo," anatero akumwetulira, n'kusisita katoni ija. "Ndinakanena kale ku ofesi. Buku lake lili momwemu."

"Ine ndinaliwerenga."

"Mwati?"

"Ndinang'amba katoni imodzi. Sukulu ndinalekera panjira, koma chala chotsatira mizere ndili nacho. Miyezi yonseyi ndakhala ndikuliwerenga m'kanjiramo, wina akatsegula chitseko cha kubafa kuti kuwala kulowe."

"Mwang'amba katoni ya bungwe?"

"Likuti anthu akuchuluka koma nthaka siikula. Likuti zitsime zikuphwa, mitengo ikutha, ndipo tsiku lina munthu adzasowa pogona. Pamenepo ndinaima, akamwini. Ndinati wolembayu wandionera pati?"

"Sanakuoneni, bambo. Amakhala kunja."

"Palinso chithunzi cha anthu atathithikana pa dziko lozungulira ngati mpira, wina akulendewera ndi dzanja limodzi. Ameneyo ndine."

"Alibe ndevu, bambo. Chithunzicho chili pachikuto, ndimachiona."

"Nanga mapepala onsewa anachokera kuti? Si mitengo yomweyo akulirayo?"

"Anachokera ku ofesi."

"Asanafike ku ofesi!"

"Kosindikiza."

"Mayo ine! Tiyeni tikolezere moto ndiye. Tiphikira chaka chathunthu osagula makala. Mitengo yotsalayo ipumeko."

"Utsi umawononga mpweya. Abwana anatiuza pamsonkhano."

"Apatseni amayi a pamsika azikulungira tomato."

"Ndinawafunsa onse. Wochepetsetsa ali ndi ana anayi."

"Sindikuti awerenge! Akulungire! Bukulo mukupatsa tomato!"

Anaganiza ndithu, maso ali kumwamba. "Tomato si kholo, bambo."

"Abwezeni ku ofesi."

"Kulibe malo. Alemba antchito ambiri, mpaka mosungira katundu anaikamo madesiki."

"Antchito ochita chiyani?"

"Owerengera mabuku."

Apa mtima unandikwera. Ndinamenya ndodo pansi mpaka nkhuku za aneba zinabalalika.

"Tamverani, akamwini. Mwendowu sundilola kunyamula ngakhale katoni imodzi, apo bii ndikanawaponya ndekha mumsewu. Ine ndalakwira ndani? Dzikoli ndadzaza ndine? Anzanga ankabereka khumi, ena mpaka kuiwala mayina. Ine ndi malemu mkazi wanga tinabereka mmodzi yekha. Mmodzi! Ndipo yemweyo munatenga ndinu, n'kundibwezera gulu la mpira ndi makatoni!"

Chipewa chinagwa m'manja mwake.

"Mwati angati, bambo?"

"Mmodzi! Simukumudziwa? Si amene amakuchapirani tayiyo?"

"Kwina kulibe? Kumene munkapita kukamanga nyumba za anthu kuja?"

"Mukunditukwana pakhomo panga?"

"Ayi, bambo, ndikungotsimikiza. Mmodzi sapitirira awiri." Anawerenga pa zala, kenaka anayambiranso. "Sapitirira! Ha! Chaka chathunthu ndikutha matayala, ndikuthamangitsidwa ndi makasu, chonsecho munthu woyenera ndimamulumpha m'mawa uliwonse!"

"Munkadziwa kale kuti mkazi wanu alibe abale."

"Ndinkadziwa ngati mkamwini. Ngati wogawa mabuku sindinaganizepo."

"Ndine nkhalamba ine. Bukulo lindiletsa chiyani chimene ukalamba sunandiletse kale?"

"Lamulo silitchula zaka, bambo. Likuti kholo. Ndinu kholo?"

"Mwatsoka."

"Ndiye landirani!" Anandigwira dzanja ndi manja ake onse awiri n'kuligwedeza mpaka phewa linalira. "Ngakhale za katoni mwang'amba ija zatha. Munang'amba yanu yomwe."

"Chabwino. Ndipatseni limodzilo, enawo atuluke."

"Limodzi bwanji? Akuti agawidwe mofanana kwa oyenera onse a m'dera lino. Oyenera ndinu nokha."

"Ndiye kuti?"

"Onse. Ndi amene azibwerawo. Abwana asangalala kwambiri. Mwinanso abwera kudzakujambulani mutaima pambali pake."

"Ndiima pati? Mulibe poima!"

"Pakhomo pokwanira."

"Sindikuwafuna! Mwamva? Ngati ndi anga, ndikukulamulani ine mwini wake: lowani m'chipindamo muwatulutse onse, mundibwezere bedi langa pamalo pake!"

Anatola chipewa chake, n'kuchikutumula fumbi, n'kundiyang'ana ndi nkhope yachisoni.

"Aaa, bambo. Ine ndilowe m'chipinda cha apongozi n'kuwatulutsira katundu wawo? Sindinaleredwe choncho."

Anasuntha ndodo yanga mwaulemu n'kulowa m'nyumba ndi katoni ija. Popeza m'chipinda mwa apongozi salowamo, anaisiya pamatiresi anga, m'kanjira kopita kubafa. Ikadali pomwepo, chakumiyendo.