Munda wa Mapeyala Umene Ndinapita Nawo ku Khothi

Mtendere wa Ambuye, abale ndi alongo. Ndine Mulomba wa ku Limbuli, uja sasiyana ndi buku m'thumba la jekete.

Tsiku loyamba kukhothi ndinapeza bambo wovala tayi atakhala pakhonde. Ndinavula chipewa n'kuwafotokozera mlandu wanga wonse, ndikuyesa ndi a majisitireti. Nditamaliza anati, "Pepani achimwene, ine ndabwerera mlandu wa mbuzi."

Sekani, koma nkhaniyo inali yowawa. Ndinakhala pachikamwini zaka zambiri. Mkazi wanga atamwalira, mlongo wake, a Benito, anati chikamwini chatha, munda ubwerere ku mbumba. Munda umene ine ndi malemu tinadzalamo mapeyala ndi manja athu. Ndinawerenga kabuku ka malamulo kawiri, n'kudziyesa loya. Ndinasuma. Ndinagonja. Ndinachita apilo ku Blantyre.

Khothi linatiletsa tonse kulowa m'mundamo mpaka chigamulo. Abale, mapeyala anagwa n'kuolera pansi. Chaka chinacho anagwanso, ine ndikungoyang'ana ndili m'malire. Mwana wanga Estere anasiya kubwera kwathu. Akabwera kwa ine, malume ake akwiya. Akapita kwa malume, ine ndikwiya. Pemphero langa linali limodzi: Ambuye, ndipambane.

Tsiku lopita ku apilo, Estere anatipeza pa siteji, ine ndi alamuwo, tikudikira minibasi imodzi osalonjerana. Anati, "Chiliza cha amayi sichinamangidwe. Ndiitane ndani, bambo kapena malume? Mukulimbirana munda wa munthu amene manda ake amera tchire."



A Benito anayang'ana pansi. "Alamu, ine ndimaopa kuti mudzakwatira wina, munda upite kwa alendo."

Ndinati, "Ine ndimaopa kukalambira panjira."

Minibasi tinakwera ndithu, koma kukapempha nthawi yokambirana. Tinamvana chonchi: munda ndi wa Estere, monga mwambo unenera. Ine ndilima mpaka imfa. Dimba la kumunsi kwa mundawo ndinawasiyira alamu, ndipo limandipwetekabe, sindinama. Tinasaina, woweruza anavomereza, apilo inathera pomwepo.

Chiliza tinamanga limodzi. Lero Estere amabwera ndi zidzukulu. Ndikuthokoza Mulungu amene anakana pemphero langa lija.

Nditayamba kusosa, mayi Namalowa oyandikana nane anaima m'malire n'kuti, "A Mulomba, mwazungulira phiri lonseli kuti mukamve zoti munda ndi wa mwana wanu? Ine sindiwerenga, koma mukanandifunsa. Mapeyala aja tikanadya."