Bowa wa a Maggie mu Uvuni wa ku Labu

Mvula itakana kukata, a Maggie, aja okolopa pasukulu ina ya sekondale pa Mzimba Boma, anaona bowa wawo wa ku Luwawa wayamba kuterera, ndiye mwakachetechete anakamulowetsa mu uvuni wa ku labu, uja woumitsira mankhwala umene umatentha kwinaku ukupopera mpweya kunja. Pobwera kudzamutenga, abale inu, chitseko chili gwa, a Lyson othandizira aphunzitsi a sayansi ali chilili pambali!

"Ba Lyson, kiyi!"

"Uvuniwu ulibe kiyi, amama."

"Nanga wakhoma ndani?"

"Mpweya."

"Wa ndani?"

"Wa panja. Wa m'katimo ndaupopa wonse, ndiye wa panjawu ukukankha chitseko."

A Maggie anakupiza dzanja uku ndi uku. "Uwu? Womwe ndikupuma inewu? Musandipusitse! Muli bowa wanga umu. Aphunzitsi akamuona, ine ntchito yatha. Tsegulani!"

"Anati ndisatsegule mpaka za m'katimo ziume."

"Amanena mankhwala awo!"

"Sanatchule mankhwala. Anati za m'katimo."

Mayi anamanga chitenje, naponda mwendo wa tebulo, nakoka. Uvuni wonse unasendera, chitseko ayi ndithu.

"Tsegulani mawindo, mpweya wanuwo utuluke!"

"Ulowa wina, amama."

"Tsekani tsono!"

"Ulipowu ndi wokwana chomene."

Pa geti panamveka njinga yamoto ya aphunzitsi. A Maggie anatembenukira a Lyson.

"Ba Lyson, ndapota! Ndili ndi ana ine!"

A Lyson, osapupuluma n'komwe, anasuzumira pakagalasi ka chitseko, kumanzere, kumanja, nagwedeza mutu.

"Mbwenu, basi. Zauma."

Anapotoza kampopi kolowetsera mpweya. Psiii! Chitseko chinatseguka ndi chala chimodzi ngati sichinavutepo. A Maggie anasolola thireyi, nakhuthulira bowa m'chitenje. Poti asuzumirenso, kuseri kuja kuli masokosi awiri, ouma gwa ngati mlamba wowamba.

"Mayo ine! Ndiwo zanga zauma pamodzi ndi izi?"

A Lyson anatola sokosi imodzi, nainunkhiza, nakwinya nkhope.

"Mwaona zomwe mwachita, amama? Ikununkha bowa. Ndikaimba nayo bwanji kukwaya?"