Matenda Amene Tinawaombera M'manja

Malemu mayi Fiona Mtambalika anabadwa pa 9 Malichi 1990 ku Zomba, m'banja la bambo Ralph ndi mayi Gertrude Chikafa. Amene ndikuwerenga mbiriyi ndine Dunstan Mpinganjira, malume awo.

Mu 2003 anabwera kuno ku Wakefield, m'dziko la England, mayi awo atapeza ntchito ya unamwino. Kusukulu ankakhoza kwambiri Chifalansa. Mu 2009 anapita ku yunivesite ku Salford kukaphunzira za wailesi yakanema.

Mu 2012 anakakhala chaka chathunthu ku Lille, m'dziko la France, kufufuza momwe mapulogalamu a achinyamata a pa kanema amasinthira ana a kumeneko. Atabwerako anatifotokozera zomwe anaona: atsikana a zaka khumi ndi zinayi kutengera kavalidwe ndi kayankhulidwe ka oulutsa mapulogalamuwo, ena mpaka kumataya chakudya cha kusukulu kuti aonde ngati iwo. Ife tinangoti zimenezo ndi za ana a azungu.

Pa 22 Ogasiti 2015 anakwatiwa ndi bambo Kenani Mtambalika. Chaka chomwecho kampani ina ya ku France inawalemba ntchito youlutsa pulogalamu ya nyimbo za achinyamata, yomwe inkajambulidwa ku Salford n'kumaonetsedwa ku France. Atsikana a ku France anawakonda, ena n'kumaluka tsitsi ngati iwo. Koma akuluakulu a pulogalamuyo anawauza kuti pa kanema akuoneka onenepa, achepetseko thupi.

Anayamba kuonda. Kutchalitchi tinkawayamikira, ndipo ine ndemwe ndinawauzapo kuti thupilo lawakhala. Pa maphwando ankatigawira tonse chakudya, iwo n'kumati adya kale. Mu Novembala 2017 anakomoka m'basi popita kuntchito. Madokotala anati ndi matenda odzimana chakudya, komanso kuti mtima unali utafooka kale. Mayi awo, amene asamalira odwala zaka makumi atatu, sanawazindikire matendawo mwa mwana wawo yemwe.

Ali m'chipatala, mtsikana wina wa ku Lille anawalembera uthenga kufunsa chinsinsi cha thupi lawo. Malemu anapempha amuna awo kuti amuyankhe. Anati: "Mumuuze adye. Mumuuze kuti ineyo ndili ndi mantha." Anatisiya pa 6 Febuluwale 2018, ali ndi zaka 27.

Anamalira, mantha amenewo atsala ndi ife. Matendawa satenthetsa thupi, satsokomoletsa. Ana athu akaweruka kusukulu amadzitsekera kuchipinda, maso pa kanema. Tikawafunsa ngati adya, amatiyankha mawu amodzi a Chingerezi chitseko chili chotseka. Sitikudziwa kuti mwa iwo ndi ndani amene wayamba kale.

Malemu asiya amuna awo, makolo awo onse awiri ndi mng'ono wawo Shirley, wa zaka 15.

Tikuthokoza abusa ndi mpingo, anamwino a Chimalawi amene ankasinthana podwazika, ndi abale amene mwachokera ku Middlesbrough ndi ku Leeds.

Fiona, mwana wa mchemwali wanga, mutikhululukire. Mzimu wanu uuse mu mtendere.