Anatitulutsa m'nyumba malasha atakometsa renda

Abale ndi alongo mwa Ambuye, landirani moni kuchokera kuno ku Moatize. Ndikufuna ndikuuzeni za tsiku limene ine ndi ana anga tinatulutsidwa m'nyumba. Mundipirire, pakuti nkhaniyi imandiwiritsabe mtima.

Tinachoka ku Zóbuè ndi amuna anga pamene malasha anayamba kukokera anthu kuno. Tinapeza nyumba ya renda ku bayiro ya 25 de Setembro, dera lina la m'tauni muno, mwini wake mkulu wa mumpingo mwathu. Patapita zaka amuna anga anadwala chifuwa n'kumwalira. Ine ndinalimbikira kugulitsa kachewere wochokera kwathu, renda osaphonya.

Koma tauni inali itatupa. Antchito a kumgodi ankafika tsiku ndi tsiku, ndipo aliyense wokhala ndi kachipinda ankakapaka penti n'kukakweza mtengo. Loweruka lina m'mawa mkulu uja anabwera ndi bambo wovala majombo a kumgodi. Mkuluyo anati, "Mayi, nyumbayi yapeza munthu wina. Mutuluke lero." Ndinagwada pansi n'kunena kuti, "Abambo, pamaliro paja munalalikira ndinu." Anayang'ana kumbali. Katundu wathu anamuunjika pamsewu, fumbi lakuda la malole likugwera pa zovala za malemu. Amayi anzanga a mvano ankadutsa ngati sakundidziwa, poopa kulakwira mkuluyo. Munthu woti mawa lake akaima kutsogolo n'kutsogolera pemphero!

Ndinamukalipira Mulungu pamsewu pomwepo. Ndinati mwanditengera mwamuna, tsopano mukufuna ana anga agone panja ngati mbuzi?

Dzuwa litapendeka kunabwera Dona Rosita, mayi wachinyungwe wophika kachasu kuseri kwa msika, amene kumpingo ankamutchula kuti nkhuni ya kumoto. Sanandifunse chilichonse. Anasenza mtolo wa mabulangete n'kunena kuti, "Mana, m'bale wanga, dzuka. Ana awa sagona pafumbi ine ndilipo." Anatulutsa migolo yake m'chipinda, natsuka pansi ndi manja ake. Tinakhala kwa iye mpaka ndinaumba njerwa n'kumanga kanyumba kanga kumapeto kwa bayiro. Nthawi yonseyo sanalole kuti ndimulipire.

Ndikuyamika Mulungu amene anamva pemphero la munthu wokwiya. Kukhululukira mkulu uja ndikuyesetsa, koma sindinafike, mundipempherere. Inu amene katundu wanu ali pamsewu lero, musaleke kufuula kwa Ambuye. Ndipo akakutumizirani munthu, musayambe n'kumununkhiza.